Candlemass: bandi ya ku Sweden imene inakana kuthamanga

Funso lochokera kwa wowerenga: "Ndimaimba gitala ya lidi m'kagulu kathu ka achinyamata. Mnzanga ananditumizira nyimbo ya Candlemass yotchedwa Solitude, ndipo poyamba ndinkaganiza kuti foni yanga ikuikoka nyimboyo, chifukwa metal imene ndimaidziwa imathamanga. Pano yandilowa m'mutu. Kodi anthu amenewa ndi ndani, ndipo amaimbiranji mochedwa chonchi? Pa YouTube ndikupeza oimba osiyanasiyana pansi pa dzina lomwelo, ndiye weniweni ndi uti? Chinanso, mayi anga ataona chigaza cha pachikuto cha chimbale anati ndi zausatana. Kodi n'zoona?"

Foni yanu ilibe vuto, achimwene, nyimboyo anaipanga dala choncho. Ndiyambe ndi funso lanu la woimba weniweni, popeza ndi limene limasokoneza anthu ambiri. Mukafuna mwini wake wa Candlemass musayang'ane amene wagwira maikolofoni. Yang'anani kumbali, kwa mkulu woimba besi, Leif Edling. Ndiye anayambitsa gululi mu 1984, ndiye analemba pafupifupi nyimbo zonse, mawu ndi zoimbira zomwe, ndipo oimba ndi pakamwa akhala akubwera n'kumapita pamene iye ali pomwepo. Mukagwira mfundo imeneyi, mbiri yonse ya gululi imayamba kumveka.

Kwawo ndi ku Upplands Väsby, tauni ya kumpoto kwa Stockholm panjira yopita ku bwalo la ndege la Arlanda. Edling anali ndi gulu lina loyamba, Nemesis, m'mene ankaimba besi komanso kuimba ndi pakamwa, ndipo litatha limenelo ndi pamene anasonkhanitsa Candlemass pamodzi ndi woimba ng'oma Mats Ekström, kenako n'kubwera Mats Björkman wa gitala, amene aliyense amangomutcha Mappe. Chosangalatsa n'chakuti tauni yomweyi ndi kumenenso kunachokera gulu la Europe. Mu 1986, pamene The Final Countdown inkamveka pa wailesi za dziko lonse, anyamata ena a m'dera lomwelo anali kutulutsa chimbale cha nyimbo 6 zokha, zazitali ndi zachisoni, chimene pafupifupi palibe anachigula.

Chimbalecho ndi Epicus Doomicus Metallicus, chimene chinatuluka mu Juni 1986 kudzera ku kampani yaing'ono ya ku France, Black Dragon Records. Anachijambulira ku Thunderload, situdiyo ya pansi pa nthaka mu Stockholm ya anyamata apachibale a Wahlquist a gulu la Heavy Load. Kuti muone kulimba mtima kwake, kumbukirani zimene zinkachitika chaka chimenecho. Metallica inali itangotulutsa Master of Puppets, ndipo miyezi ingapo pambuyo pake Slayer inatulutsa Reign in Blood, nyimbo 10 zosakwana n'komwe mphindi 30 zonse pamodzi. Mpikisano unali wa liwiro, aliyense akufuna kuposa mnzake. Candlemass inabwera ndi Demons Gate, nyimbo imodzi ya mphindi pafupifupi 9, yoyenda ngati ilibe kokafika. Chimbalecho sichinayende malonda ndipo kampaniyo inawasiya.

Mawu amene munawamva mu Solitude ndi a Johan Längqvist. Iye sanali membala wa gululi, anangoitanidwa kudzaimba pa chimbalecho, atamaliza n'kubwerera ku zake, ndipo ngakhale anamunyengerera kuti akhale, anakana. Woimba lidi pa chimbale chimenecho, Klas Bergwall, nayenso anali mlendo. Choncho chimbale chimene lero anthu amati ndicho chinakhazikitsa chamba cha epic doom, nthambi ya metal yochedwa ndi yolemera yotchedwa doom, chinapangidwa ndi gulu losakwanira, loti silikanatha n'komwe kukwera pa nsanja n'kuimba momwe linamvekera m'situdiyo.

Tsopano za kuchedwako. Muzu wake uli ku Birmingham, ku England, kwa Black Sabbath. Woimba gitala wa gulu limeneli, Tony Iommi, ali ndi zaka 17 anaduka nsonga za zala ziwiri ndi makina pafakitale ya malata, ndipo zinali zala za dzanja limene amadinira nsambo. Anadzipangira tizivundikiro ta zalazo, n'kumagwiritsa ntchito nsambo zopyapyala, ndipo pofika pa chimbale cha Master of Reality mu 1971 anakhwefula nsambo kuti zizimveka zotsika kwambiri. Nyimbo yoyamba ya pa chimbale chawo choyamba, cha mu Febuluwale 1970, imayenda pa manotsi atatu okha, ndipo mtima wake ndi mpata wa mafureti 6 pakati pa notsi ziwiri, umene oimba amautcha tritone. Tengani gitala yanu, dinani G pa fureti yachitatu ya nsambo yaikulu, kenako C sharp pa fureti yachinayi ya nsambo yotsatira, muzisiye zilire. Khutu limakana kukhazikika, limadikira kuti phokosolo lipite kwina, koma silipita. Doom yonse inabadwira m'kudikira kumeneko. Magulu ngati Pentagram, Saint Vitus ndi Trouble ku America, komanso Witchfinder General ku England, anatenga mbali imeneyi ya Black Sabbath n'kuiyesa yawo pa nthawi imene ena onse ankathamanga.

Nanga Candlemass inawonjezapo chiyani? Ambiri mwa magulu ndatchulawa ankamveka ndi fumbi la blues ndi la rock ya m'ma 1970. Edling anachotsamo blues yambiri n'kuikamo ulemu wa nyimbo za m'tchalitchi ndi za classical. Kachidutswa ka gitala kobwerezabwereza kamene kamanyamula nyimbo, kamene oimba timati riff, kwa iye kamakhala ndi nyimbo yakeyake yoti mungaiimbe ndi mluzu. Amakonda manotsi oyandikana, otalikirana ndi fureti imodzi, otsika pang'onopang'ono. Gitala ndi besi zimayendera limodzi pa riff yomweyo, ndiye phokoso limakhala lochindikala, ndipo pakati pa kumenya kwina ndi kwina pamasiyidwa mpata kuti notsi ilire mpaka itayamba kuzilala. Kulemera kumene mukukumva kukuchokera mu mpata umenewo. Anthu onyamula bokosi popita kumanda sathamanga, ndipo nyimbo imene amayi amaimba pambuyo pawo imatsata phazi lawo. Candlemass imayenda pa liwiro limenelo, moti pa chimbale chachiwiri anaikapo ndithu nyimbo ya maliro ya Chopin, yoimbidwa ndi magitala a magetsi.

Mvetseraninso Solitude ndi mahedifoni, osati pa sipika ya foni chifukwa imadya besi yonse. Imayamba ndi gitala youma ndi mawu a munthu mmodzi, mofatsa, ngati akudzilankhulira. Kenako gulu lonse limagwa nthawi imodzi, ndipo riff ija imabwera yokha kwa kanthawi, wopanda woimba, kuti muizolowere kaye. Längqvist akalowanso sakuwa ndipo sabangula ngati oimba a death metal. Amaimba ndi mawu oyera, okoka, ndipo pa manotsi okwera mumamva kuti mawuwo atsala pang'ono kusweka. Kumapeto nyimbo imabwerera ku gitala youma ija. Ng'oma za Ekström nazo muzitchere khutu, makamaka mu nyimbo zina za pa chimbalechi: nthawi zina mapazi ake onse awiri amakhala akugunda mwachangu pansi pamene magitala akuyenda pang'onopang'ono pamwamba. N'chifukwa chake nyimbo zawo sizigonetsa tulo ngakhale zili zochedwa.

Ndipo si zonse zochedwa. At the Gallows End imayamba mwachifatse n'kudzathamanga pakati, Black Dwarf ya mu 2005 imathamanga chiyambire, ndipo pa chimbale cha Tales of Creation pali Into the Unfathomed Tower, yopanda mawu, imene ndi mpikisano wa zala basi. Edling amadziwa kuti kuchedwa kumamveka bwino pamene pali china chochiyerekeza nacho, phunziro limene magulu ambiri omutsanzira sanaligwire.

Längqvist atakana, kunabwera munthu amene anthu ambiri mpaka lero amamuona ngati nkhope ya gululi, Messiah Marcolin, wochokera ku gulu lina la ku Sweden lotchedwa Mercy. Munthu wathupi, wa tsitsi lambiri lopotanapotana, wovala mkanjo wa amonke, woyenda pa nsanja akuponda mwamphamvu mwa kavinidwe kake kamene otsatira anakatcha doom dance. Mawu ake ndi aakulu, onjenjemera ngati a woimba opera. Nthawi yomweyo kunalowa Lars Johansson, wa lidi woimba ndi dzanja lamanzere, ndi Jan Lindh pa ng'oma. Asanu amenewa, Edling, Mappe, Johansson, Lindh ndi Marcolin, anatulutsa zimbale zitatu m'zaka zitatu: Nightfall mu 1987, Ancient Dreams mu 1988 ndi Tales of Creation mu 1989. Apa ndi pamene dzina lawo linatuluka kunja kwa Sweden, ndipo Ancient Dreams chinafika mpaka pa mndandanda wa Billboard 200 ku America, chinthu chosayembekezeka kwa nyimbo zotere.

Inu monga woimba lidi, Johansson ndiye mphunzitsi wanu m'gululi. Pansi pakuyenda riff yochedwa, iye pamwamba amathamangitsa zala mwa kalembedwe ka classical, koma solo yake imakhala ndi poyambira ndi pothera, ndipo mukhoza kuikumbukira. Yambani ndi za pa Nightfall.

Mukapeza kanema wa nyimbo ya Bewitched muonere, ngakhale mudzaseka. Anamujambula ndi ndalama zochepa kwambiri: anthu anyamula bokosi, Marcolin akutulukamo ndi mkanjo wake, kenako akutsogolera gulu la anyamata pa kavinidwe kake kaja. Amene anajambula kanemayo ndi Jonas Åkerlund, yemwe kale ankaimba ng'oma mu gulu la Bathory, ndipo patapita zaka anadzakhala wojambula makanema a oimba akuluakulu monga Madonna. Pakati pa anyamata ovinawo pali Per Ohlin, amene pambuyo pake anadzadziwika ndi dzina loti Dead mu gulu la Mayhem la ku Norway.

Zimenezi zikutifikitsa pa funso la mayi anu, ndipo sindikufuna kulizemba. Chigaza cha nyanga chija, cholasidwa ndi mtanda, chilipodi ndipo ndicho chizindikiro cha gululi. Nyimbo zawo zimakamba za imfa, afiti, ziwanda ndi manda. Munthu wamkulu akaona zimenezi n'kuda nkhawa sanalakwe. Koma werengani mawu a nyimbozo musanaweruze. Samarithan ndi nkhani ya munthu amene anatola wopemphapempha wodwala, n'kumusamalira m'nyumba mwake, ndipo pa tsiku la imfa yake angelo anabwera kudzamutenga. At the Gallows End ndi maganizo a wochimwa usiku woti mawa lake anyongedwa. Under the Oak ndi kulira kwa munthu wotaya mtima amene akuitana Mulungu. Chikuto cha Nightfall ndi chithunzi cha Thomas Cole, wojambula wa ku America wa m'ma 1840, chosonyeza nkhalamba ili m'bwato kumapeto kwa ulendo wa moyo, mngelo akuilozera kuwala kwa kumwamba. Edling amalemba ngati wosimba nthano zoopsa, m'mene choipa chimaoneka champhamvu ndi chochititsa mantha, ndipo munthu amakhala wamng'ono pamaso pa chiweruzo. Sindikunena kuti ndi nyimbo za uzimu, ayi, ndipo mkanjo wa Marcolin unali wa sewero chabe. Koma musawasokoneze ndi kagulu ka black metal ka ku Norway kamene ena mwa anthu ake anatentha matchalitchi kumayambiriro kwa m'ma 1990. Candlemass sinali m'zimenezo. Ngati pali nyimbo yofunika kusamala nayo, ndi Solitude yomweyo, osati chifukwa cha Satana koma chifukwa mawu ake ndi a munthu wosungulumwa amene akulakalaka kufa. Kwa ambiri nyimbo yotere imapepuza mtima, koma ngati tsiku lina mudzaone kuti mawuwo akulankhula za inu mwini, zimitsani mukacheze ndi munthu.

Tibwerere ku mbiri, ndipo zaka za m'ma 1990 tidutsepo msanga. Marcolin anachoka mu 1991 atasemphana ndi anzake. Thomas Vikström anaimba pa Chapter VI mu 1992, chimbale chabwino ndithu koma chofika pa nthawi imene dziko linali litatembenukira ku mtundu wina wa rock wotchedwa grunge, ndipo ku Stockholm komweko achinyamata anali atatengeka ndi death metal ya Entombed ndi Dismember. Gululi linatha mu 1994. Edling anayambitsa Abstrakt Algebra, imene sinapite patali, ndipo nyimbo zimene anakonzera chimbale chake chachiwiri ndi zimene zinasanduka Dactylis Glomerata mu 1998, pansi pa dzina la Candlemass chifukwa dzinalo ndi limene likanagulitsa. Pa chimbale chimenecho ndi chotsatira chake, From the 13th Sun cha mu 1999, wa gulu lakale analipo ndi Edling yekha, woimba ali Björn Flodkvist. Anthu amachinyalanyaza From the 13th Sun, koma amene amakonda Black Sabbath yoyambirira adzachikonda, chifukwa ndi pamene Edling anamutsanzira Iommi mosabisa.

Asanu aja anagwirizananso mu 2002, ndipo mu 2005 anatulutsa chimbale chongotchedwa Candlemass, cha chikuto choyera, chimene chinapata mphoto ya Grammis ku Sweden. Mtendere sunakhalitse. Mu 2006 Marcolin anachokanso, ndipo malo ake anatenga Robert Lowe wa ku Texas, wochokera mu Solitude Aeturnus, gulu limene linakulira pa nyimbo za Candlemass yomweyo. Lowe anaimba pa zimbale zitatu, King of the Grey Islands mu 2007, Death Magic Doom mu 2009 ndi Psalms for the Dead mu 2012, ndipo anamuchotsa chimbale chomalizachi chikungotuluka kumene. Mats Levén, amene anaimbapo ndi Edling mu Abstrakt Algebra, ananyamula gululi kwa zaka 6, pa nsanja ndi pa tizimbale tating'ono. M'zaka zimenezi Edling mwini anadwala matenda a kutopa kosatha moti kwa nthawi ndithu sankayenda nawo m'maulendo, ena akumugwirira besi, koma kulemba sanasiye. Ndi nthawi yomweyi pamene ankalemberanso gulu lina limene anayambitsa, Avatarium.

Kenako mu 2018 kunachitika zimene palibe ankaziyembekeza: Johan Längqvist, mlendo wa mu 1986 uja, analowa m'gululi monga membala patatha zaka 32. Chimbale cha The Door to Doom chinatuluka mu 2019, ndipo pa nyimbo ya Astorolus – The Great Octopus solo ina anaimba ndi Tony Iommi mwini wake. Nyimboyo inasankhidwa kupikisana nawo pa mphoto ya Grammy ku America, ngakhale mphotoyo inapita kwa gulu la Tool. Chaka chomwecho anayenda m'mayiko a ku Ulaya akutsegulira gulu la Ghost, la kwawo komweko, pamaso pa anthu ochuluka amene ambiri mwa iwo anali asanabadwe pamene Epicus inkatuluka. Sweet Evil Sun chinatsatira mu 2022, Längqvist yemweyo ali kutsogolo.

Ndiye ngati mukundifunsa kuti mwa oimba onsewa ndimasankha uti, ndikuuzani maganizo anga, podziwa kuti otsatira ambiri atsutsa. Marcolin ndi amene anali ndi mawu aakulu kuposa onse, ndipo popanda iye gululi likanafera mu 1986. Nightfall ndi chimbale chapamwamba zedi. Koma kunjenjemera kwa mawu ake sikupuma, notsi iliyonse amaikometsera, ndipo pofika pa Ancient Dreams khutu langa limatopa. Iye amaimba chisoni ngati wochita sewero waluso. Längqvist pa Epicus amamveka ngati chisonicho n'chake, ndipo nyimbo za Edling zimafuna zimenezo. Muyeso wabwino ulipo: Under the Oak anaijambula kawiri, ndi Längqvist mu 1986 komanso ndi Marcolin pa Tales of Creation mu 1989. Mvetserani zonse ziwiri motsatizana mudzigamulire nokha. Lowe ndimamuika pakati pa awiriwa, ndipo King of the Grey Islands ndi chimbale chimene anthu sachipatsa ulemu wokwanira. Mawu a Längqvist a masiku ano ndi okhuthala, a munthu wamkulu, kusweka kuja kunatha, choncho musayembekeze kuti The Door to Doom chimveka ngati Epicus yachiwiri.

Poyambira kumvetsera, malizani kaye Epicus yonse kuyambira nyimbo yoyamba mpaka A Sorcerer's Pledge, imene ili m'zigawo zitatu ndipo imathera pa mawu a mayi akuimba yekha. Ndi mphindi zopitirira pang'ono 40. Mukatero pitani ku Nightfall, kenako mudumphe zaka 20 mufike kwa Lowe kuti mumve kuti dzanja lolemba silinasinthe ngakhale pakamwa pasintha.

Ngati kagulu kanu kakufuna kuyesa chamba chimenechi, konzekani, chifukwa kuimba mochedwa n'kovuta kuposa kuimba mothamanga. Pa liwiro, notsi yolakwika imadutsa osaonedwa. Pa riff ya Solitude, nsambo imodzi ikangosokonekera pang'ono, kapena wina akalowa msanga ndi kachigawo ka sekondi, aliyense amamva. Tcherani nsambo mosamala musanayambe nyimbo iliyonse, musachulutse distortion, kukhakhala kwa mawu a gitala ya magetsi kuja, chifukwa imapha kulira kwa notsi, ndipo dzanja lamanja liphunzire kuletsa nsambo zimene sizikufunika kuti mpata uja ukhale woyera. Vuto lalikulu lidzakhala kwa wa ng'oma: thupi lake lidzafuna kuthamanga, makamaka mukamayandikira kolasi. Muikireni metronome ya pafoni, kachipangizo kogunda mosasintha liwiro, m'khutu pa kumenya 60 pa mphindi, muimbe riff imodzi nonse kwa mphindi 5 osasintha, ndipo wa besi aziyang'ana dzanja la wa ng'oma, osati zala zake.